Makina Osadziwa Apongozi

Tsiku limenelo tinalipo anthu asanu ndi mmodzi, ndipo ndiwatchula onse kuti wina asadzanene kuti ndawonjezera. Ndinalipo ine mwini malo. Analipo mayi a kunyumba kwanga, amene anakhala pakhomo la khitchini akusenda anyezi, makutu ali kwa ife. Analipo mwana wanga wachisamba, wa ku Lilongwe uja, amene anaitanitsa msonkhanowo ngati malo ndi ake kale. Analipo mayi wokonza m'zipinda, amene wagwira ntchito pano zaka khumi ndi zisanu ndi zinayi. Kenaka ogulitsa awiri: mtsikana wa nsapato zagogoda, ndi bambo wina wamimba amene anafika atafungatira bokosi lakuda ngati khanda. Pambuyo pake, dzuwa lili paliwombo, anafika alendo atatu: agogo ena aakazi, mwana wawo wamkazi, ndi mkamwini wawo. Atatu amenewa ndiwo eni nkhani, koma ayambe adikira.

Malo anga ali pa Golomoti, m'mbali mwa tala, ukangodutsa pamene pamaima minibasi. Zipinda khumi ndi zinayi, bala yaing'ono, ndi chipinda chodyera. Palibe anandipatsa. Njerwa ndinaumba ndekha, malata ndinagula ndi thonje la zaka zitatu komanso mbuzi zimene ndinkakwera nazo chitunda cha Khwekhwelere wapansi. Sukulu ndinalekezera Sitandade 2, ndipo sindibisa. Manambala ndimawerenga kuposa ana a masiku ano, koma zilembo zimandiyendera pang'onopang'ono ngati ngolo ya bulu mmodzi. Izi mukuwerengazi zanditengera miyezi iwiri ndi mabolopeni atatu.

Kwa zaka makumi atatu ntchito yanga yeniyeni inali imodzi, kupereka makiyi. Anthu amayesa ndi ntchito yopepuka. Kumbuyo kwa kauntala kuli thabwa la misomali khumi ndi inayi, kiyi aliyense pa msomali wake. Munthu akalowa sindithamangira thabwalo ayi. Ndimayamba ndamuyang'ana. Dalaivala wa lole ndimamugoneka pafupi ndi geti, chifukwa amadzuka m'bandakucha ndipo mtima wake umagona m'lole. Msilamu wogula mbuzi sindimuika kuyandikana ndi khitchini tsiku limene tikukazinga nkhumba. Mayi amene akudikira matenda ku chipatala cha ku Mua ndimamuika kutali ndi bala, kuti akalira alire pa yekha. Bambo wobwera ndi mkazi amene si wake ndimamupatsa chipinda cha kumapeto, ndipo mawa tikakumana pamsika sindimudziwa. Zimenezi sizilembedwa m'buku. Zili m'mutu muno.

Ndiye pali zipinda ziwiri, 5 ndi 6, zimene timazitcha mapasa. Khomo lakunja ndi limodzi. Ukalowa upeza kakolido kopapatiza, koti anthu awiri sangadutsane osakhudzana mapewa, chipinda uku chipinda uku, bafa limodzi kumapeto. Zimenezo ndimapatsa munthu ndi mkazi wake ndi ana, kapena amayi apachibale. Koma chimangireni malo ano sindinagonekemo mkamwini ndi apongozi ake aakazi. Kuno kwathu mkamwini akaona apongozi akubwera panjira amapatukira kutchire, ngakhale mukhale chitedze. Ena a m'tauni anasiya zimenezo, amadyera limodzi ndi kumagwirana chanza, zawo zimenezo. Agogo a kuno sanasiye.

Mwana wanga anayamba kundivutitsa chaka chatha. Akuti resitihausi ndi dzina lachikale, tizinena kuti loji. Akuti anthu a m'tauni amafuna kusungitsa malo pafoni asananyamuke, ndipo akatisowa amapitirira kwa ena. Akuti thabwa la misomali latha ntchito. Anandikumbutsanso za tsiku limene ndinapereka chipinda chimodzi kwa anthu awiri. Inde zinachitika, kamodzi, ndili ndi malungo. Iye amazinena ngati zimachitika Lachisanu lililonse. Ndinakana miyezi ingapo, koma maso anga ayamba kuchita nkhungu, ndiye ndinati chabwino, bweretsa makina akowo. Iye anati mitundu ilipo iwiri, abweretsa ogulitsa onse awiri ndidzasankhe ndekha.

Mawu akuti ndidzasankhe ndekha anali a pakamwa chabe. Mayi ake anali atandinong'oneza kale zimene anamva iye akulankhula pafoni ndi mkazi wake. Mtundu umene ankaufunawo, woutcha kilaudi, ukanamulola kuona zipinda zonse ali ku Lilongwe ndi kumazigawa pafoni yake, alendonso n'kumadzisankhira okha ali kwawo. Ine ndikanatsala wotsegula geti ndi kunena kuti takulandirani. Mlonda wovala jekete pamalo pake pomwe. Mtundu winawo ndi wa bokosi lokhala mu ofesi mwanga, wolemba pakauntala n'kumafunsa ine asanapereke chipinda. Choncho tsiku limenelo ena ankasankha makina, ine ndinkasankha ngati makiyi atsale m'manja mwanga kapena ayi.

Unali mwezi wa Okutobala, ndipo amene anakhalako kuno mwezi umenewo akudziwa kuti ngakhale abuluzi amapuma pakamwa. Tinakhala m'chipinda chodyera, fani ikungosuntha mphepo yotentha kuchoka uku kupita uko. Anayamba ndi mtsikanayo. Anatsegula laputopu n'kuyamba kulankhula Chichewa cha mawu awiri, Chingerezi mawu asanu. Ndinamuleka athe mpweya.

"Mwana wanga," ndinatero, "mayina a alendo anga akalembedwa, azikhala kuti?"

"Pa kilaudi, madala. Kutanthauza kuti amasungidwa m'makompyuta akuluakulu a kampani, inu mumangowafikira pa intaneti."

"Makompyutawo ali kuti? Ku Salima?"

Anaseka. "Kunja, madala. Ali malo angapo."

"Dziko liti?"

Anayang'ana mwana wanga ngati iye ndiye amusankhire dziko. Kenaka anati sizofunika kudziwa.

"Sizofunika! Iwe unaonapo munthu womanga nkhokwe yake m'mudzi umene sadziwa dzina lake? Kiyi wa kumeneko ali ndi ndani?"

"Inu mukhala ndi pasiwedi yanu."

"Nanga mwini nyumbayo alibe yake?"

Apa sanayankhe molunjika. Ndinafunsa za malipiro, anati ndi mwezi ndi mwezi. Ndinafunsa chimachitika n'chiyani ndikalumpha mwezi, monga mu Febuluwale pamene msewu umakhala wa agalu okhaokha. Anati amayamba akukumbutsa, kenaka amatseka.

"Ndiye kuti ndizichita lendi buku langa lomwe," ndinatero. "Makolo anati fodya wako ndi amene ali pamphuno, wa pachala ndi wa mphepo. Wakoyu sali ngakhale pachala. Ali m'thumba mwa mzungu amene sadziwa kuti Golomoti n'kuti."

Bambo wamimba uja anaseka mokweza n'kuwomba m'manja. "Mwanena zoona, abwana! Nzeru zakale zimenezo!"

Ine munthu wondivomereza ndisanamalize kulankhula ndimamuopa kuposa wonditsutsa. Ndinamutembenukira. "Iwe usandiombere m'manja, sindine kwaya. Bokosi lakoli limadya chiyani?"

"Magetsi basi, abwana."

"Magetsi kuno amabwera ngati mlamu wolemera, pamene wafunira. Akathima?"

Anati ndigule batire lake. Ndinafunsa za kutentha, anati lifunika fani yakeyake usana ndi usiku. Ine mwini ndilibe fani kuchipinda, koma bokosi likhale nayo. Ndinafunsa za mphenzi, anati pali kachipangizo kena kogula padera. Chilichonse chinali ndi kamwana kake kogula padera.

Mtsikana uja anaona mpata n'kulowapo. "Afunseni, madala, likabedwa bokosilo mutsala ndi chiyani? Nanga madzi akalowa? Ndaona pakhoma panja pali mzere pamene anafika."

Mzerewo ulipodi. Chaka chimene mtsinje unasefukira madzi anafika m'mawindo, matiresi n'kumayandama pabwalo ngati mabwato. Mtsikanayo anali ndi maso, ndimupatse zimenezo.

"Likawonongeka mungondiimbira, abwana, ndibwera tsiku lomwelo," anatero wamimbayo.

"Kuchokera kuti?"

"Ku Lilongwe."

"Pa galimoto ija takukankha polowa pageti?"

Mayi a kunyumba anaseka mpaka mpeni unagwa. Koma ine kuseka sikunandifike pamtima, chifukwa ndinaona kuti ndikugwetsa hatchi yanga yomwe. Ndinabwerera kwa mtsikanayo ndi nkhani ya netiweki. Kuno mvula ikangozinga kumapiri, foni zimasanduka miyala, anthu amakwera pachulu kuseri kwa njanji kuti aimbe. Ndinamufunsa ngati alendo anga azikalembetsa pachulu. Iye anati pulogalamu yawo imatha kudikira pang'ono netiweki ikachoka, ikabwera n'kutumiza zonse. Mwana wanga ankangogwedeza mutu, inde, inde, ngati nkhuku yakumwa madzi. Anati, "Bambo, mwamva nokha. Bokosi lingabedwe, lingapse, lingamire. Izi sizimira." Mayi ake anati, "Mwana akunena zomveka." Mayi wokonza m'zipinda anasuntha mpando wake kuyandikira laputopu. Ndinawerenga anthu m'chipindamo, ndipo mbali yanga ndinapeza ine ndi wamimba wa galimoto yakufa.

Nthawi imeneyo ndi pamene minibasi inaima panja.

Anatsika agogo aja, ndinawazindikira asanafike pakhonde. Amuna awo anali mnzanga, wogulitsa nsomba zouma wa ku Mtakataka, amene anandithandiza kukhoma malata a malo ano osalandira kanthu koma thobwa. Atamwalira, mayiwo anatengedwa ndi mwana wawo ku Blantyre. Tsopano anabwera kudzavundukula chiliza cha amuna awo Loweruka lake, ndipo poti nyumba yawo ya kumudzi inagwa ndi madzi aja, anati agone kwa ine masiku atatu. Anali ndi mwana wawo wamkazi. Mkamwini, mphunzitsi wa sekondale, munthu waulemu, anatsalira kumsewu akutsitsa katundu ndi kukangana ndi kondakitala. Ndinaona kuti ngakhale m'minibasimo agogo anakhala kutsogolo, iye mpando wa kumapeto. Zaka zonsezi ku Blantyre, iwo amakhala m'kanyumba kawo kuseri, ndipo sanadyepo naye m'mbale imodzi. Za mwambo wawowo malemu ankandiuza monyadira ali moyo, za ku Blantyre ndinkamva kwa achibale awo.

Tinalonjerana pakhonde, anagwada pang'ono ngakhale mawondo anali akukana. "Achimwene, muli moyo? Mimba yokha ndiye yakula."

"Ndi ya madzi, mlongo, kuno kulibe chodya."

"Bodza limenelo munayamba muli mnyamata."

Anakhala pabenchi kupuma, mwana wawo n'kulowa kudzalembetsa. Ine ndinali nditatambasula kale dzanja ku thabwa: 3 kwa agogo, pafupi ndi khitchini kuti azicheza ndi mayi a kunyumba, 11 kwa mphunzitsi ndi mkazi wake, mbali ina ya bwalo. Dzanja lili m'malere, mtsikana uja anadumphira kukauntala ndi laputopu yake.

"Dikirani, madala! Mwayi ndi umenewu. M'mawa uja ndinalowetsa kale zipinda zanu zonse. Inu khalani pansi mungoonerera, musakhudze chilichonse. Muone mmene zinthu ziziyendera inu mukupuma."

Mwana wanga anati, "Eya bambo, khalani pansi kamodzi kokha."

Ndinakhala pansi. Anandiuza kuti ndisakhudze chilichonse, ndipo sindinakhudze.

Mtsikanayo anafunsa mafunso ake. Muli angati? Atatu. Banja limodzi? Inde. Masiku angati? Atatu. Zala zake zinathamanga, kenaka anatembenuza laputopu kuti tonse tione. "Mwaona? Yasankha yokha. Banja la anthu atatu, zipinda zoyandikana, 5 ndi 6. Masekondi khumi sanakwane."

Mayi wokonza m'zipinda anatsegula pakamwa. Anati, "Koma abwana, mapasa aja..." Ndinamuyang'ana, n'kukweza chala chimodzi pabondo panga. Zaka khumi ndi zisanu ndi zinayi zinamuphunzitsa tanthauzo la chala chimenecho. Anatseka pakamwa n'kuyang'ana pansi. Mayi a kunyumba anali atalowa m'khitchini kukatereka madzi a tiyi, sanamve. Mwana wa agogoyo sankadziwa kamangidwe ka zipindazo, anangomva kuti ziwiri, n'kuthokoza. Mwana wanga yemwe anakulira pabwalo lino, amene ankabisala m'kakolido kameneko akathawa kusamba, anatenga makiyi awiriwo pathabwa ndi dzanja lake n'kuwapereka akumwetulira. Lilongwe inamutsuka m'mutu mpaka sanaone kanthu.

Ndinaganiza chiyani? Ndinena zoona. Ndinaganiza kuti akafika pakhomopo aona okha kakolidoko, abwerera kudzadandaula, ine ndiimirira n'kunena kuti mwaona makina anu, kenaka ndiwapatsa 3 ndi 11. Mphindi zisanu, nkhani yatha, palibe wavulala. Sindinawerengere kuti agogo ndi otopa. Mwana wawo anawalowetsa mu 5, anagona pomwepo osayang'ana uku ndi uku. Mwanayo anaponya zikwama mu 6 n'kuthamangira kumsika kukagula zophikira anthu a kuchiliza. Mphunzitsi anafika pambuyo, thukuta lili chuchuchu, anangouzidwa pageti kuti chanu ndi 6. Iye anayesa apongozi ali kutali monga mwa nthawi zonse.

Palibe anabwerera kudzadandaula. Ife tinapitiriza msonkhano. Mtsikanayo anali atayamba kale kutulutsa mapepala osayina. Ine ndinkamva wotchi ya pakhoma, maso ali pa khomo la mapasa kudzera pawindo. Ndikanatha kuimirira. Mtunda wake ndi mapazi makumi atatu. Ndinati ndidikire pang'ono, mwina atuluka okha. Ndinamwa tiyi.

Kenaka kunamveka mfuu. Sinali yaikulu, inali yaifupi, ngati ya munthu woponda khala la moto. Khomo la mapasa linatseguka mwamphamvu, ndipo mphunzitsi wa sekondale, bambo wa ana anayi, anatuluka ali chothamanga, thaulo lokha m'chiuno, sopo ali m'khutu, osavala nsapato pa mchenga umene ukanakazinga dzira. Sanayang'ane kumene akupita. Anadutsa pabwalo, anadutsa pa zingwe zoyanikira, mpaka anakaima kuseri kwa thanki ya madzi akudumphadumpha ndi mapazi. Anthu a kabaza amene anali pamthunzi wa pageti anafa nako kuseka. Wamimba uja naye anaseka mpaka kutsokomola.

Mayi a kunyumba ndi mayi wokonza m'zipinda anathamangira m'katimo, ine pambuyo. Agogo tinawapeza atagwada m'kakolido, nkhope kukhoma, chitenje atafunda kumutu, kabeseni kawo ndi sopo zitagwa pambali. Anadzuka kutulo ndi kutentha, anati akadzithire madzi, atangomanga chitenje pachifuwa. Potsegula chitseko chawo, mkamwini naye akutuluka m'bafa. M'kakolido koti simungadutsane. Anagundana chifuwa ndi chifuwa.

Sanalire mokweza. Ankangobwereza kuti, "Ndaonanji ine, ndaonanji ine, mwana wa eni wandiona." Mayi a kunyumba anawafunditsa nsalu ina n'kutithamangitsa amuna tonse.

Ndinabwerera m'chipinda chodyera, ndipo mawu amene anthu amati ndikalankhula pa Golomoti amamveka pa Mua, tsiku limenelo ndinawatulutsa onse.

"Masekondi khumi! Wamva, mwana wanga? Masekondi khumi kuchititsa manyazi mayi amene wasunga ulemu wake zaka makumi awiri! Funsa makina akowo ngati akudziwa apongozi. Funsa kunja kumene kuli makompyuta akuluakuluko ngati anamvapo za mkamwini. Amadziwa kuwerenga mitu, atatu, ngati mbuzi zokwera lole. Ndiye mukufuna zimenezi zizigawa zipinda zanga ine nditakhala pabenchi, iwe uli ku Lilongwe ukudya tchipisi?"

Mtsikanayo anayesa kulankhula. Anati zimenezo zitha kukonzedwa, atha kuikamo lamulo loti mapasa asamaperekedwe popanda kufunsa. Ndinati, "Kufunsa ndani?" Anayang'ana pa laputopu yake. Ndinati, "Lero ndi apongozi. Mawa ndi akazi awiri a pamitala osalankhulana. Mkuja ndi abusa ndi mkulu wa mpingo amene anawachotsa. Udzaika malamulo angati? Kapena udzasamukira kuno uzikhala pachulu?" Anatseka laputopu. Sindinamumvere chisoni. Anabwera kudzandikhazika pabenchi, ndipo anachita kundiuza ndi pakamwa pake.

Wamimba anati, "Mwaona abwana, bokosi langa silingachite zimenezo."

Ndinati, "Khala chete iwe. Bokosi lako ndi mbuli chimodzimodzi. Kusiyana kwake n'kwakuti mbuli yakoyi izikhala m'nyumba mwanga, ndizitha kuikalipira."

Mwana wanga anaimirira. Anatenga mapepala a wamimba, anawerenga, anandisonyeza posayina, ndinasayina. Mtsikanayo anakakwera minibasi ya ku Salima nsapato zili m'manja, chifukwa zagogoda zija zinkamira mumchenga.

Agogo sanagone pamalo anga. Mwana wawo atabwera kuchokera kumsika n'kumva, anandiyang'ana ngati akufuna kundifunsa kanthu, koma sanafunse. Ndinawapatsa 3 ndi 11, ndinati agone ulere masiku onse. Agogo anakana osatulutsa nkhope m'chitenje. Anaitanitsa njinga yamoto, anapita ku Mtakataka kukagona m'khitchini mwa mdzukulu wa achemwali awo, pamphasa, ndi mawondo awo aja. Pokwera sananditsanzike. Mphunzitsi anagona mu 11 koma chakudya ankadyera m'chipinda. Ku chiliza Loweruka ndinapita ndi nkhuku ndi shuga. Zinalandiridwa ndi anthu ena, iwo sanatuluke kudzandilonjera. Ndinamva kuti nkhani inali itafika kale kumeneko kudzera kwa a kabaza, ndipo achinyamata ankati akaona mphunzitsi n'kumafunsana mtengo wa thaulo.

Bokosilo lilipo mpaka lero, pa shelefu yapamwamba kupitirira mzere wa madzi, fani yake ikulira. Lafa kawiri. Kachiwiriko wamimba anabwera patatha masiku asanu ndi anayi, pa minibasi. Masiku amenewo tinabwerera ku thabwa la misomali ndipo palibe mlendo anagona panja. Wolemba pakauntala amene tinamulemba ntchito akafuna kupereka chipinda amayamba wasuzumira kukhonde n'kufunsa kuti abwana, awa tiwaike kuti. Ndimawayang'ana, n'kunena. Ena amati tikutaya alendo a m'tauni amene amafuna kudzisankhira pafoni. Atayike. Munthu wosankha bedi asanaone nkhope ya mwini nyumba si mlendo, ndi katundu.

Amene amandinena amati ndinalakwa. Ine ndimati ndinauzidwa kukhala pansi ndipo ndinakhala. Sindine ndinasankha 5 ndi 6. Sindine ndinachotsa makiyi pathabwa. Akanakhala kuti makinawo anapambana, zoterezi zikanachitika mwezi ndi mwezi ine ndilibe mawu, ndipo ndani akanawerenga agogo amene akanagwada m'kakolido kaja? Mmodzi anavutika, inde, ndipo anali mlongo wanga, mkazi wa mnzanga. Sindikukondwa nazo. Koma ndinayamba ndi kunena kuti sindiwonjezera, ndiye sindichotsanso.

Tsiku lomwe lija, dzuwa litapendeka, mwana wanga anakana kugona. Anaika chikwama m'galimoto. Mayi ake anamupatsa thumba la malambe, anawatsanzika bwinobwino. Ine ndinamuperekeza kugeti ndikumuuza kuti asadandaule, munthu amaphunzira ndi zolakwa, ndipo tsiku lina malo ano adzakhala ake ndithu akadzakhwima. Analowa, analiza injini, kenaka anatsitsa galasi. Sanakweze mawu. Iye sanatengere ine pa zimenezo.

"Bambo, ine ndinaiwala za mapasa, ndipo manyazi amenewo ndi anga, ndipita nawo. Mtsikana uja samadziwa. Makina samadziwa. M'chipinda monse muja munthu amene ankadziwa n'kukhala ndi mphamvu yonena munali inu nokha, ndipo chala chanu ndinachiona, kungoti ndinachimvetsa mochedwa. Mumati makina amaona anthu ngati mbuzi. Inu munawaona agogo aja bwinobwino, dzina lawo, amuna awo, mawondo awo, n'kuwagwiritsa ntchito. Makiyi sungani, sindidzawapemphanso. Koma Loweruka mukapita ku chiliza, mukaime pamanda a mnzanuyo mumuuze nokha chimene mwagulira bokosi lanu."